Flåm: sitima zibwera ndi ndalama, zisiya utsi

Pa ulendo wathu woyendera matauni a ku Norway, sabata ino tili ku Flåm, ngakhale kuti kwenikweni malowa ndi mudzi. Anthu okhazikika kuno ndi pafupifupi 350 basi, ndipo boma laling'ono la Aurland, momwe muli mudziwu, lonse lathunthu silikwana anthu 2,000. Koma kukacha m'mawa wa mu July, padoko pamakocheza chisitima chapamadzi chachitali kuposa nyumba iliyonse m'chigwa chonsecho, ndipo m'mimba mwake mumatuluka anthu 3,000, nthawi zina kuposa pamenepo. Pofika 10 koloko, eni mudzi amakhala atamira m'chinamtindi cha alendo.

Chimene chimawakoka alendowa ndi madzi ndi mapiri. Kumadzulo kwa Norway nyanja yamchere inalowerera kwambiri kumtunda, kutsata zigwa zakuya zimene madzi oundana anakumba kalekale, ndipo mikono ya nyanja yotereyi imatchedwa fjord. Waukulu pa yonse m'dzikomo ndi Sognefjord, wotalika makilomita oposa 200, ndipo pena kuya kwake kumapitirira mamita 1,300. Flåm ali kumathero kwa nthambi yake ina, Aurlandsfjord. Pafupi pomwepo pali nthambi inzake, Nærøyfjord, yomwe pena imapanikizika mpaka kutsala mamita 250 okha m'lifupi, uku ndi uku kuli makoma a miyala. Mu 2005 bungwe la UNESCO linaika Nærøyfjord pamodzi ndi Geirangerfjord m'kaundula wa malo oyenera kutetezedwa ndi dziko lonse lapansi.

Ambiri amene amafika kuno sagonako. Makampani a zokopa alendo amagulitsa ulendo wa tsiku limodzi wochokera mumzinda wa Bergen: sitima yapamtunda kapena basi mpaka ku Voss, basi kutsikira ku Gudvangen, boti la maola awiri kudutsa m'ma fjord mpaka ku Flåm, kenako sitima yokwera phiri kukafika ku Myrdal, n'kubwerera ku Bergen madzulo. Woperekeza alendo amakhala patsogolo, kambendera m'manja, maso ali pa wotchi.

Ku Gudvangen n'kumene alendo amakumana ndi mbiri ya ma Viking, anthu a kumpoto kuno amene anavutitsa magombe a Ulaya kuyambira pomwe anaukira nyumba ya amonke ya Lindisfarne ku England mu 793 mpaka cha mu 1066. Mu 2017 kunatsegulidwa mudzi wachitsanzo wotchedwa Njardarheimr, womangidwa ndi mitengo monga ankamangira makolowo. Mumapezeka osula zitsulo, oluka nsalu, ophunzitsa kulasa uta ndi kuponya nkhwangwa. Chimene ndinakonda n'chakuti amafotokoza kuti ma Viking ambiri anali alimi, asodzi ndi amalonda, ndiponso kuti zisoti zanyanga zimene zimagulitsidwa m'mashopu sizinali zovala zawo zankhondo. Ndikanakonda nkhani ya akapolo itamamveka mokweza ngati mmene imamvekera nkhani ya maboti awo, chifukwa anthuwa ankagwira anzawo n'kumawagulitsa, ndipo mbiri imeneyo ndi yawonso.

Njanji ya Flåm ndiyo mtima wa mudziwu. Ndi ya makilomita 20 okha, koma imanyamuka m'mphepete mwa nyanja n'kukathera ku Myrdal, pamtunda wa mamita oposa 860. Mbali yaikulu ya njirayi, sitima ikayenda mamita 18 imakhala yakwera mita imodzi, ndipo imatero pa njanji wamba, yopanda mano ogwirira. Ntchito yomanga inayamba kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1920 ndipo njanji inatsegulidwa mu 1940, dziko lili m'manja mwa asilikali a Germany. Magetsi anaikidwa mu 1944. Pali mphanga 20 zoboola m'mapiri, ndipo 18 mwa izo zinabooledwa pamanja, ndi nyundo, zitsulo ndi wonga. Pofuna kupewa milatho, amisiri anapatutsa mtsinje wa Flåm n'kuudutsitsa pansi pa njanji m'ngalande zosemedwa m'mwala.

Sitima imaima kwa mphindi zochepa pa mathithi a Kjosfossen. Anthu amatsikira pa pulatifomu yamatabwa yonyowa, madzi akugwa ndi mkokomo woti mnzako ali pambali pako sungamumve, nkhungu yake ikukunyowetsa kumaso ndi m'magalasi. M'nyengo ya alendo nyimbo imayamba kulira, ndipo pa mabwinja a nyumba yamiyala pambali pa mathithiwo pamatulukira mkazi wovala zofiira akuvina. Amayerekezera Huldra, mkazi wa m'nthano za kuno amene ankakopa amuna n'kuwasocheretsa m'phiri. Pito ikalira, aliyense amathamangira pampando wake.

Njanji imeneyi sanaimangire ojambula zithunzi. Inali yonyamula makalata, katundu ndi anthu a m'mbali mwa Sognefjord kukawalumikiza ku njanji yaikulu ya pakati pa Bergen ndi Oslo, yomwe inatsegulidwa mu 1909. Misewu yapansi pa mapiri itafika, kuphatikizapo wa Gudvangen mu 1991 ndi wa Lærdal wa makilomita 24.5 mu 2000, anthu a kuno anayamba kuyenda pagalimoto. Alendo ndi amene anaipulumutsa njanjiyo, ndipo lero imanyamula anthu mazanamazana a zikwi chaka chilichonse. Gawo lina lalikulu la anthuwa limatsika m'sitima zapamadzi zija.

Apa mpamene pagona nkhani ya Flåm. Sitima yaikulu ikakocheza siizimitsa injini. M'katimo muli makhitchini, mafiriji, zikepe zokwerera, madamu osambiramo ndi zipinda zikwizikwi, zonse zofuna magetsi, ndiye mafuta amapsa tsiku lonse sitima ili chiimire. Kukanakhala kugombe lotseguka, mphepo ikanamwaza utsiwo. Koma Flåm ali pansi pa chigwa chopapatiza, mapiri atatchinga mbali zonse, ndipo tsiku lopanda mphepo utsi umayandama pamwamba pa madzi ngati kansalu kabuluu, osadziwa kolowera. Anthu a m'mudzimo akhala akudandaula za utsiwu kwa zaka zambiri, pamodzi ndi phokoso la injini, mabasi odzaza msewu, ndi alendo ena amene amalowa m'mabwalo a nyumba za eni n'kumajambula ngati kuti munthu sakhalamo.

Boma linamva. Bungwe loona za sitima zapamadzi m'dzikomo litafufuza, linapeza kuti nthawi zina mpweya wa m'ma fjord amenewa umaipa kufika poopseza thanzi la anthu. Mu 2018 Nyumba ya Malamulo ya Norway, Storting, inagamula kuti pofika 2026 sitima zonyamula alendo zolowa m'ma fjord otetezedwa zikhale zosatulutsa utsi ngakhale pang'ono. Mu 2019 kunayamba malamulo okhwima pa mtundu wa mafuta ololedwa komanso oletsa kutayira zonyansa za m'zimbudzi m'madzimo.

Munthu angaganize kuti ku Flåm anavina ndi chimwemwe. Ayi ndithu, ambiri anagwidwa ndi mantha. Sitima yonyamula anthu zikwi zingapo yoyendera mabatire okha mtunda wonsewo kunalibe, choncho lamulolo linkamveka ngati kutseka doko. Ndipo doko likatsekedwa, amene akhudzidwe ndi woyendetsa basi, wogulitsa majuzi aubweya, wophika mu hotela, wobwereketsa njinga, wogulitsa matikiti a sitima, ngakhalenso khonsolo yomwe imatolera ndalama zapadoko. Mabanja achinyamata amakhala m'chigwa chotere pokhapokha ngati muli ntchito. Akachoka, sukulu imatsala ndi ana owerengeka, ndipo mudzi umayamba kufota. Anthu a kuno analawako kale zimenezi mu 2020, pamene mliri wa Covid-19 unaimitsa sitima zonse: mpweya unayera, madzi anadekha, koma m'mashopu munali zii.

Akuluakulu a khonsolo ya Aurland anali ndi mfundo ina yomwe ine ndikuiona kuti ndi yolemera. Ankati mukaletsa sitima ku Flåm, sizisiya kubwera ku Norway. Zikakocheza pamadoko ena a m'mbali mwa Sognefjord omwe lamulo silikuwakhudza, n'kutumiza alendo omwewo ku Flåm pamabasi ambirimbiri. Utsi udzangosamukira kwa oyandikana nawo, misewu idzadzaza, ndipo ndalama zapadoko zidzapita kwina. Oteteza chilengedwe nawo ankayankha kuti makampani a sitima sasintha pokhapokha atakakamizidwa, ndipo tsiku lomaliza likamasunthidwasunthidwa, palibe adzaike ndalama zake pa sitima zatsopano.

Mu 2024 boma linagawa nkhaniyo pawiri. Sitima zing'onozing'ono, zosafika matani 10,000, zinauzidwa kutsatira lamulolo kuyambira pa 1 January 2026, pamene zikuluzikulu zinapatsidwa mpaka 2032. Ena anati boma lagonja kwa eni ndalama, ena anati lapulumutsa midzi. Ine ndikuona kuti onse awiri akunena zoona, ndipo n'chifukwa chake nkhaniyi ikuwawa. Amene amapuma utsiwo ndi yemweyo amene amadya chifukwa cha sitimayo. Amene anafikako ku Chembe, ku Cape Maclear, komwe mudzi wa asodzi uli pakati pa malo otetezedwa ndi UNESCO, akudziwa kulemera kwa kukhala pakhomo pomwe dziko lonse likuti ndi pathu tonse.

Kuti zinthu zingasinthe, umboni uli padoko lomwelo. Boti lotchedwa Future of the Fjords, lomwe linayamba ntchito mu 2018, limanyamula anthu 400 pakati pa Flåm ndi Gudvangen pa mabatire okha. Ukaima panja pa botilo sumva kununkha dizilo, ndipo mathithi ang'onoang'ono otsika m'makoma a miyala amamveka bwinobwino. Magetsi si vuto kuno: m'mapiri a Aurland muli malo akuluakulu opangira magetsi ndi madzi, ndipo ambiri mwa magetsiwo amapita kukaunikira mzinda wa Oslo. Ndi zomvetsa chisoni kuti chigwa chotumiza magetsi oyera kutali chomwecho chakhala chikupuma utsi wa sitima zoima pakhomo pake.

Boti lija likamadutsa mu Aurlandsfjord, woperekeza alendo amaloza kamudzi ka Undredal, ndipo ambiri amangokajambula n'kupitirira. Ndi kamudzi ka anthu osakwana 100 koma mbuzi pafupifupi 500, ndipo mpaka mu 1988 kunalibe msewu, njira inali ya pamadzi basi. Kuli katchalitchi kamatabwa ka m'chaka cha 1147, kokhala anthu 40 okha, komwe mpaka lero amapempheramo. Kumeneko amapanga tchizi chofiirira cha mkaka wa mbuzi. Akachotsa tchizi choyera, madzi otsala aja sataya: amawawiritsa mumphika waukulu kwa maola ambiri, akutakasa, mpaka madzi ataphwa, shuga wa mumkaka n'kupsa pang'ono, kutsala phala lolimba lomwe amaliumba m'zikombole. Chimakoma motsekemera, kafungo ka mbuzi kali chapatali, ndipo amachidula mopyapyala n'kuika pa buledi. M'chilimwe mbuzi zimakwera kumapiri kukadya, ndipo kudya kwakeko n'kumene kumaletsa tchire kumeza madambo otsetsereka amene alendo amawasirira ali m'boti. Alimi amenewa ndi amene amasamalira kukongola kumene ena akugulitsa, koma mlendo wa tsiku limodzi nthawi zambiri safika pakhomo pawo.

Palinso china chimene anthu a ku Flåm sanaiwale. Kumapeto kwa October 2014 kunagwa chimvula, mtsinje wa Flåm unasefukira n'kukokolola nyumba, milatho ndi misewu, makamaka cha kumtunda, kufupi ndi tchalitchi chakale komwe kuli mudzi weniweni. Mabanja anasamutsidwa mwadzidzidzi, ena n'kubwerera kukapeza pomwe panali nyumba pali miyala yokhayokha. Magombe a mtsinjewo anawamanganso ndi miyala ikuluikulu, ndipo amene wakwera sitima amawaona pawindo atangonyamuka. Munthu amene anaona madzi akunyamula nyumba ya mnansi wake safunika kumuphunzitsa za kusintha kwa nyengo. Koma munthu yemweyo ali ndi ngongole ya nyumba yoti abweze, ndipo miyezi ya alendo ndi yochepa.

Pa nkhani ya utsi ija, boma linalonjeza kuthandiza kuti padoko la Flåm paikidwe magetsi oti sitima zikakocheza zizilumikizako n'kuzimitsa injini, ndipo a khonsolo akuyembekeza kuti zimenezi zichepetsa utsi m'mudzimo pamene akudikira sitima zatsopano za 2032.