Anagwetsa Riboni, Koma Golide Anatenga Ndi Iyeyo

Amene anaonera pa TV mpikisano womaliza wa rhythmic gymnastics pa Olympics ya ku Tokyo pa 7 Ogasiti 2021 anaona kamtengo ka riboni katapulumuka m'manja mwa Linoy Ashram wa ku Israel n'kugwera pa kapeti. Anaonanso kuti Dina Averina wa ku Russia, katswiri wa dziko lonse katatu motsatizana, sanagwetse kanthu. Mapointi atawonkhetsedwa, wogwetsayo anali ndi 107.800, wosagwetsa 107.650. Ku Moscow kunavuta. Akuluakulu a masewera ngakhalenso a boma anafuula kuti mwana wawo waberedwa dzuwa likuswa mtengo. Ine mbali yanga ndili nayo: Dina sanaberedwe. Koma kuti tigwirizane, tiyambe tamvetsetsa masewerawa, poti kwathu kuno ambiri timangowaona mwangozi posintha matchanelo.

Rhythmic gymnastics ndi masewera ophatikiza kuvina, kupinda thupi ndi kuseweretsa chipangizo motsatira nyimbo. Ku Olympics amapikisana ndi akazi okhaokha. Bwalo lake ndi kapeti ya mamita 13 m'litali ndi 13 m'lifupi, ndipo wosewera amalowapo kanayi, ulendo uliwonse ndi chipangizo china: mkombero, mpira, tizibonga tiwiri, ndi riboni. Kale panalinso chingwe, koma anachichotsa pa mipikisano ya akuluakulu osewera paokha. Ulendo umodzi ndi masekondi 75 mpaka 90 basi. Zaka zonse zokhetsa thukuta zija zimaweruzidwa m'mphindi zosaposa zisanu ndi chimodzi.

Pa zinayizi, riboni ndiye yovuta kuiweta. Ndi nsalu yopyapyala yotalika mamita 6, yomangidwa kunsonga kwa kamtengo ka masentimita 50 mpaka 60, ndipo siyenera kuima ngakhale pang'ono. Dzanja likangozengereza, nsalu imagona pansi kapena kumanga mfundo. Mpweya wa m'holo ukakhala wachinyezi imalemera n'kumamatira ku thupi. Tsono wosewera amaiponya m'mwamba, iye n'kugubuduka kapena kuzungulira kawiri katatu pansi, kenako n'kuiwakha, nthawi zina ndi mwendo, nthawi zina kumsana maso asakuona. Amene munasewerapo chiyato mukudziwa kuti mwala ukakhala m'mwamba dzanja limagwira ntchito ina pansi, ndipo pofika mwalawo liyenera kukhala litabwerera. Apa ndi chimodzimodzi, kungoti chogwira ntchito pansicho ndi thupi lonse.

Masewerawa analowa mu Olympics mu 1984 ku Los Angeles, ndipo anapambana ndi Lori Fung wa ku Canada, chaka chomwe Soviet Union ndi maiko ogwirizana nayo ananyanyala. Kuyambira mu 2000 golide wa osewera paokha anasanduka chuma cha Russia: Yulia Barsukova ku Sydney, Alina Kabaeva ku Athens, Evgenia Kanaeva kawiri ku Beijing ndi ku London, Margarita Mamun ku Rio. Kasanu kotsatizana. Kumbuyo kwa ulamulirowu kunali mayi mmodzi wolimba mtima, Irina Viner, ndi malo ophunzitsira a Novogorsk pafupi ndi Moscow, kumene atsikana aluso ochokera m'dziko lonselo amasonkhanitsidwa. Kumeneko ngakhale wosiyidwa kunyumba akanatha kupambana mendulo akanakhala wa dziko lina.

Linoy Ashram anabadwa pa 13 Meyi 1999 mumzinda wa Rishon LeZion, kummwera kwa Tel Aviv, ndipo anayamba masewerawa ali kamwana. Umu ndi mmene zimakhalira kwa onse, chifukwa msana ndi miyendo zimalola kupindika mwana akadali wanthete. Mphunzitsi amene anamufikitsa pamwamba ndi Ayelet Zussman. Ku Rio mu 2016 Linoy sanapite. Malo a Israel anatenga ndi mkulu wake pa masewerawa, Neta Rivkin. Chaka chotsatira ku Pesaro, m'dziko la Italy, anapeza mendulo yachitatu pa mpikisano wa dziko lonse wowonkhetsa zipangizo zonse zinayi, zomwe munthu wa ku Israel anali asanachitepo. Pamwamba pake panaima mapasa awiri a ku Russia, Dina ndi Arina Averina. Mu 2018 ku Sofia anakhala wachiwiri, kumbuyo kwa Dina. Mu 2019 ku Baku anabwerera pachitatu, kumbuyo kwa mapasa omwewo. Mu 2020 anakhala katswiri wa ku Ulaya ku Kyiv, koma poti a ku Russia sanapiteko chifukwa cha Covid-19, onyoza anati wapambana eni ake kulibe.

Chomwe chimandichititsa chidwi pa zaka zimenezi ndi nzeru imene iye ndi mphunzitsi wake anasankha. Linoy sanali wamtali wamiyendo yowonda ngati amene Novogorsk imakonda. Anali ndi liwiro, mphamvu zodumpha, ndi manja achangu. Ndipo malamulo a nthawiyo ankakomera zimenezi. Mapointi anali a mitundu iwiri. Oyamba ndi a ukhondo wa kaseweredwe: wosewera amayamba ndi 10, oweruza n'kumadula akaona bondo lopindika, phazi lotsetsereka kapena chipangizo chogwa. Achiwiri ndi a kuvuta kwa zimene wachita, ndipo kuyambira mu 2018 amenewa analibe malire. Kuponya kulikonse koika moyo pachiswe, kuwakha kulikonse kopanda manja, kuzungulira kulikonse koonjezera kunali ndi mtengo wake, kaya 0.1, kaya 0.3, n'kumaunjikana. Wodzaza zovuta zambiri m'masekondi 90 aja ndiye amakolola zambiri. Linoy anadzaza mpaka pakamwa. Bungwe loyendetsa masewerawa pa dziko lonse, FIG, linafika polemba m'buku la malamulo kazunguliridwe kena ka pansi m'dzina lake.

Ndinene poyera kuti malamulo amenewo sindinawakonde. Anachititsa atsikana kuthamanga ngati akuthamangitsidwa, nyimbo kumangolira payokha, kuvina n'kuchepa. A FIG nawonso anaona, ndipo kuyambira mu 2022 anaika mapointi apadera a luso la kavinidwe. Koma ku Tokyo malamulo anali omwewo kwa aliyense, ndipo a ku Russia anali atapindula nawo kwa zaka zambiri osadandaula.

Tsono tiyeni ku manambala a tsikulo. Pa tsiku losankha olowa m'ndime yomaliza, Linoy anali wachitatu, Dina woyamba, Arina wachiwiri. Koma m'ndime yomaliza onse khumi amayambira pa ziro. Pa mkombero Linoy anapeza 27.550, Dina 27.200. Pa mpira anafanana, 28.300 aliyense. Pa tizibonga Linoy anapeza 28.650, Dina 28.150. Pofika pa riboni, Linoy anali patsogolo ndi 0.850. Analowa ndi nyimbo ya kwawo ya Hava Nagila, m'holo ya Ariake yopanda oonerera chifukwa cha mliri, ndipo pakati pa seweroli riboni inagwa. Anaitola n'kupitiriza, osasokoneza zotsalazo. Oweruza anamupatsa 23.300. Kugwetsa kumadulitsa mapointi a pakati pa 0.5 ndi 1.0 malinga ndi mtunda umene wayenda pokatola, kuphatikizapo kutaya mtengo wa chimene umachita pa nthawiyo. Ndi chilango chowawa, koma si imfa.

Arina riboni yake inamanga mfundo ndipo anathera pachinayi. Dina analowa pomaliza penipeni akufunika 24.150 kuti afanane ndi Linoy. Anasewera osagwetsa, oweruza anatenga nthawi yaitali, kenako pa bolodi panatuluka 24.000. Anadandaula kuti awerengenso, koma nambala sinasinthe. Onani bwino: pa riboni Dina anapambana Linoy ndi 0.700, ndiye kuti kugwetsa kuja kunalipiridwa. Golide anamutaya kale pa mkombero ndi pa tizibonga, pamene panalibe chogwa choti maso a munthu wamba aone. Mendulo yachitatu inapita kwa Alina Harnasko wa ku Belarus ndi 102.700.

Odandaula aja anaiwalanso dala za ku Sofia. Mu 2018 amene anagwetsa riboni anali Dina, ndipo anakhalabe katswiri wa dziko lonse, Linoy n'kukhala wachiwiri. Palibe wa ku Moscow anaitana atolankhani tsiku limenelo. A FIG ataunikanso kaweruzidwe ka ku Tokyo ananena kuti sanapeze kukondera. Sindikuti oweruza a masewerawa ndi angelo. Masewera aliwonse oweruzidwa ndi maso amakhala ndi mikangano, ndipo awa mbiri yawo ili nayo yambiri. Koma pa mlandu uwu manambala akuyankha okha. Dina amandimvetsa chisoni, chifukwa anasewera bwino ndipo analira pamaso pa dziko lonse. Pasanathe miyezi itatu anakatenganso ukatswiri wa dziko lonse kachinayi ku Kitakyushu.

Linoy anakhala mkazi woyamba wa ku Israel kupambana golide ku Olympics, komanso munthu wachitatu wa dzikolo, pambuyo pa Gal Fridman mu 2004 ndi Artem Dolgopyat amene anapambana masiku asanu ndi limodzi m'mbuyo mwake ku Tokyo komweko. Sanapikisanenso pa mpikisano waukulu. Mu Epulo 2022 analengeza kuti wasiya, ali ndi zaka 22, msinkhu umene wosewera mpira wamiyendo amakhala akungoyamba kudziwika, ndipo anayamba kuthandiza kuphunzitsa achichepere a timu ya dziko lake. Ku Paris mu 2024, kumene a ku Russia sanapikisane pa masewerawa, golide anatenga ndi Darja Varfolomeev wa ku Germany.