Njala inamuchotsa pasukulu, mphepo inamubwezeretsa

Akuluakulu anati ukaipa dziwa nyimbo. Mwambiwu unapherezera pa William Kamkwamba wa m'mudzi wa Masitala kwa Wimbe, m'boma la Kasungu ku Malawi, yemwe anafotokoza mbiri yake m'buku lotchedwa The Boy Who Harnessed the Wind. Bukuli analemba mothandizana ndi mtolankhani wa ku America, Bryan Mealer, ndipo linatuluka m'chaka cha 2009.

Njala ya 2001 ndi 2002 itafika povuta, banja lawo linkadya kamodzi patsiku. Bambo ake analephera kulipira fizi, moti mnyamatayu anasiya sukulu ya sekondale ya Kachokolo ali ndi zaka 14.

M'malo mongokhala, iye ankapita kukawerenga ku laibulale ya pasukulu ya pulaimale ya Wimbe. Kumeneko anapeza buku la sayansi lotchedwa Using Energy, lokhala ndi zithunzi za makina opukusidwa ndi mphepo. Chingerezi chinkamuvuta, koma ankangotsatira zithunzizo.

Atatolera zitsulo zotayidwa, fani ya thirakitala, mapaipi apulasitiki, njinga yakutha ya bambo ake ndi dainamo, anazimangirira pamwamba pa nsanja ya mitengo ya bulugama. Anthu ankati wapenga, ena ankati akusuta chamba. Koma babu litayaka, omwewo anayamba kubwera kudzatchaja mafoni.

Nkhaniyi itatuluka mu nyuzipepala ya Daily Times mu 2006, anaitanidwa ku msonkhano wa TED ku Arusha, m'dziko la Tanzania, mu 2007. Anthu akufuna kwabwino anamulipirira sukulu mpaka anatsiriza maphunziro ku Dartmouth College ku America mu 2014. Mu 2019 munatuluka filimu ya moyo wake, yomwe mbali yaikulu ndi ya m'Chichewa.

Anthu a ku Mecanhelas mavuto amawadziwa. Ambiri anathawira ku Malawi pa nthawi ya nkhondo, nadzayambiranso pa mabwinja mtendere utabwera mu 1992. Nyanja ya Chilwa itaphwa mu 1995, asodzi a matemba anasowa pogwira. Pa nthawi zotere, choyamba kudulidwa pakhomo chimakhala sukulu ya mwana.

Mbiri ya Kamkwamba ikukumbutsa makolo kuti mwana amene wasiyira sukulu panjira chifukwa cha umphawi nzeru zake sizinathe. Asanamutumize ku usodzi kapena ku banja, ndi bwino kukaonana ndi aphunzitsi, kumubwerekera mabuku, ndi kumulola kuyesa luso lake ndi zomwe zili pakhomo mpaka ndalama ya sukulu itapezeka.