Anthu Okonza Maseva Usiku

Maseva osunga mayina, malipiro ndi zotsatira za mayeso kawirikawiri amakhala atatu m'chipinda chozizira, onse atasunga zinthu zofanana. Wowasamalira sawakonza onse nthawi imodzi. Amapumitsa imodzi, kuiika patch yotseka mipata imene akuba angalowerepo, kuiyatsanso, n'kudikira kuti imvane ndi zinzake asanakhudze yachiwiri. Awiri akamayaka ntchito imayenda. Seva ikatsala yokha imakana kulemba chilichonse, kuopa kusemphana ndi zinzake.

Ntchitoyi imagwiridwa usiku kapena Loweruka, anthu atachoka m'maofesi. Ku Chalimbana, kumene aphunzitsi akhala akusulidwa kuyambira 1939 ndipo lero kuli yunivesite, ambiri amaphunzira ali kutali, akuphunzitsa m'masukulu akumidzi. Mphunzitsi wa ku Rufunsa akamaona zotsatira zake pafoni sadziwa kuti wina anachezera chifukwa cha iye.

Microsoft imatulutsa ma patch Lachiwiri lachiwiri la mwezi uliwonse, Oracle kanayi pachaka. Kuika kwake n'kosavuta. Mutu umawawa patch ikaima pakati: disiki yadzaza, kapena seva yayaka koma zinzake zikuikana. Apo munthu amakhala pansi n'kuwerenga log mzere ndi mzere, kufunafuna cholakwika choyambirira, poti mazana a zolakwika zapambuyo pake ndi ana ake chabe. "Usakonze usanawerenge," amatero akuluakulu a ntchitoyi. Ena amati, "Backup yosayesedwa si backup." Achinyamata amadandaula zina: "Sisitimu ikagwa foni sipuma, ikamayenda bwino palibe amakudziwa."

Chimene chimandidetsa nkhawa ine ndi magetsi. Mu 2024 chilala chinaphwetsa madzi ku Kariba, ZESCO n'kumapereka magetsi maola ochepa patsiku. Batire la UPS limangopirira mphindi zowerengeka. Jenereta ikachedwa kulira patch ili pakati, mafayilo amatsala theka atsopano theka akale, ndipo kubwerera mmbuyo kungadye usiku wonse.

Ngakhale makampani olemera zimawagwera. Pa 19 July 2024 update yolakwika ya CrowdStrike inagwetsa makompyuta a Windows pafupifupi 8.5 miliyoni, ndege zambiri n'kulephera kunyamuka. Nanga mnyamata amene ali yekha ndi tochi ya pafoni tingamudzudzule bwanji?

Akuluakulu a masukulu ndi makhonsolo, agulireni anthuwa seva yoyeserapo, muwapatse dizilo wa jenereta ndi mnzawo wochezera naye, musanawafunse chifukwa chimene sisitimu yagwera.