Florence Kasumba: mwana wa ku Kampala yemwe anatsegula khomo la Tatort

Pafupifupi Lamlungu lililonse nthawi ikamakwana 8:15 usiku, mabanja ambiri ku Germany amaunjikana pa wailesi yakanema ya ARD kuonera Tatort, sewero la apolisi ofufuza milandu yakupha. Seweroli linayamba mu 1970, koma panadutsa zaka 49 mayi wachikuda asanapatsidwe mpando wa wapolisi wotsogolera kafukufuku. Yemwe anaukhala koyamba, mu 2019, ndi Florence Kasumba.

Kasumba anabadwira ku Kampala, m'dziko la Uganda, mu 1976, koma anakulira mumzinda wa Essen, n'chifukwa chake Chijeremani amachilankhula ngati chobadwa nacho. Kuimba, kuvina ndi zisudzo anakaphunzira ku Tilburg, m'dziko la Netherlands. Kwa zaka zambiri thukuta lake linkagwera pansanja, m'masewero oimba monga Cats, Chicago ndi Aida, momwe anali Aida mwiniwakeyo. Mu The Lion King ya ku Hamburg ankasewera fisi wotchedwa Shenzi.

Chodabwitsa n'chakuti mbiri yake inayamba kuwanda kunja. Mu 2016 anaonekera kamphindi chabe mufilimu ya Captain America: Civil War, mutu uli mpala, atayang'anizana ndi ngwazi yotchedwa Black Widow maso ali gwa. Mawu anali ochepa, koma oonera sanamuiwale. Kamphindiko kanabala Ayo, msilikali wolondera mfumu ya Wakanda mu Black Panther ya 2018. Chaka chotsatira, Disney inam'bwezera fisi wake uja: mawu a Shenzi mufilimu ya The Lion King ndi ake.

Kwawo ku Germany nako zinthu zinayamba kusintha. Mu Deutschland 86 anasewera Rose Seithathi, womenyera ufulu wa chipani cha ANC pa nthawi ya tsankho ku South Africa. Kenaka mu Tatort munabwera Anaïs Schmitz, wapolisi wa mumzinda wa Göttingen, wosanyengerera komanso wosachedwa kupsa mtima. M'gawo loyamba lomwelo anakhulana ndi mnzake wa pantchito, Charlotte Lindholm, yemwe amaseweredwa ndi Maria Furtwängler, mpaka mbama inalira.

Mbamayo inaonetsa kuti Kasumba sanabwere kudzadzaza malo kapena kudzamveredwa chisoni. Anapatsidwa gawo la munthu weniweni, wokhoza ndi wolakwa, ndipo analisenza bwino. Luso anali nalo kale. Chomwe chinachedwa ndi khomo.