Kodi mumadziwa? Kamera ikaloza wachibale

Kodi mumadziwa kuti imodzi mwa mafilimu oyambirira padziko lapansi inali ya mwana akudya? Mu 1895, Louis Lumière wa ku France anajambula mkulu wake Auguste ndi mkazi wa Augusteyo akudyetsa khanda lawo, Andrée. Filimuyo siikwana n'komwe mphindi imodzi. Inali m'gulu la mafilimu 10 amene anaonetsedwa ku Grand Café mumzinda wa Paris pa 28 December chaka chomwecho. Akuti chimene chinazizwitsa oonera si khandalo, koma masamba amene ankagwedezeka ndi mphepo kumbuyo kwake.

Nanga mumadziwa kuti Martin Scorsese anajambulapo makolo ake? Mu Italianamerican, ya mu 1974, bambo Charles ndi mayi Catherine akhala pasofa yokutidwa ndi pulasitiki m'nyumba yawo ku New York, akusimba za makolo awo ochokera ku Sicily. Macheza ali mkati, mayiwo akunyamuka kupita kukhitchini kukatakasa msuzi, kamera n'kuwalondola. Kumapeto, pamene pamadutsa mayina a anthu ogwira ntchito, Scorsese anaikapo kaphikidwe ka msuziwo. Kwa ine, mpaka pano palibe anatsekapo filimu mokoma chonchi.

Koma filimuyi ndi ya mphindi 49, ndiye ku mphotho za Oscar singatchedwe yaifupi. Malire ndi mphindi 40, kuphatikizapo mayina aja.

Kampani ya Kodak itatulutsa filimu ya makamera ojambulira pabanja yotchedwa Super 8 mu 1965, mpukutu umodzi unkatha m'mphindi zitatu ndi masekondi 20. Wojambula ankayamba waganiza asanadine batani.

Ku China, agogo aakazi akuchimuna amatchedwa Nǎi Nai, akuchikazi Wài Pó. Sean Wang anatenga mayina awiriwa kukhala mutu wa filimu yake ya mphindi 17 yonena za agogo ake, asewere okhala nyumba imodzi ndi kugona bedi limodzi ku Fremont, California. Inapikisana nawo pa Oscar mu 2024, ndipo agogo onse awiri anapita kumwambowo atatchena.

Komatu si wachibale aliyense amafuna kamera. Mu Nobody's Business, ya mu 1996, bambo ake a Alan Berliner akukanitsitsa kuti moyo wawo ulibe nkhani yoti n'kujambula. Mkangano wa awiriwa ukakula, Berliner amalowetsapo zithunzi za anthu akumenyana nkhonya.