Ida Lupino: mayi amene anachoka kutsogolo kwa kamera n'kukakhala kumbuyo kwake

Filimu ikatha pa foni, ndi angati timadikira kuti tione dzina la amene waitsogolera? Ambirife timangodina ina basi. Komatu ku Hollywood m'zaka za m'ma 1950, kupeza dzina la mzimayi pamalo amenewo kunali kosowa zedi. Ida Lupino anali mmodzi mwa ochepawo.

Anabadwira ku London mu 1918, m'banja la anthu a zisudzo. Anapita ku America akadali mtsikana ndipo anatchuka ngati wosewera m'mafilimu, monga High Sierra ya mu 1941 yomwe anasewera ndi Humphrey Bogart. Ku Warner Bros. ankakana mbali zina zomwe sizinamusangalatse, ndipo kampaniyo inkamuimitsa ntchito. Iye sankangokhala pakhomo. Ankapita kumalo ojambulira kukaonerera mmene kamera imaikidwira komanso mmene wotsogolera amagawira ntchito.

Mwayi unabwera mu 1949. Akujambula Not Wanted, nkhani ya mtsikana wotenga mimba asanakwatiwe yomwe iye analemba nawo, wotsogolera Elmer Clifton anadwala mtima. Lupino anatenga udindowo mpaka filimu inatha, koma dzina lake ngati wotsogolera silinalembedwe. Kenako, kudzera mu kampani ya The Filmakers yomwe anayambitsa ndi mwamuna wake Collier Young, anapanga mafilimu a nkhani zomwe ena ankaziopa: Outrage ya mu 1950 yokhudza kugwiriridwa, ndi Never Fear yokhudza poliyo, matenda amene iyenso anadwalapo. Mu 1953 anatulutsa The Hitch-Hiker.

Kampaniyo itatsekedwa pakati pa zaka za m'ma 1950, analowa ku TV. Kumeneko ntchito inkafuna changu komanso kusamala ndalama, zinthu zomwe anazolowera kale popanga mafilimu otchipa. Anatsogolera magawo a Have Gun – Will Travel, The Untouchables, Alfred Hitchcock Presents, Bewitched ndi Gilligan's Island. Mu 1964 anatsogolera The Masks, gawo la The Twilight Zone, ndipo ndi mzimayi yekhayo amene anatsogolerapo pulogalamu yoyambirirayo.

Koma sikuti zinali zophweka. Ogwira ntchito kumalo ojambulira anali amuna pafupifupi onse, ndipo ambiri sankafuna kulamulidwa ndi mzimayi. Ndiye Lupino anapeza njira yake. Ankadzitcha mayi wawo, ndipo lamulo ankalipereka ngati akungopempha maganizo. Zimamvetsa chisoni kuti munthu waluso choncho ankayenera kudzichepetsa kuti amumvere, komabe ntchito inkayenda ndipo ankamuitanabe.

Anamwalira mu 1995 ku California. Ngati muli ndi mchemwali amene amajambula timavidiyo pa foni n'kumati akungosewera, muuzeni za mayiyu. Iye anaphunzira ntchitoyi poonerera ena pa nthawi yomwe anali ataimitsidwa.