Kodi Mpira wa pa Kanema Umabedwa Bwanji Mumlengalenga?

Munthu woyenda mu msika wa Ndirande, wa Bangwe kapena wa Zingwangwa Loweruka masana sangalephere kuona zikwangwani zolembedwa ndi choko pa makomo a nyumba zoonetsera kanema, zolengeza kuti lero Arsenal ikumana ndi Chelsea. Ambiri mwa eni nyumbazi ndi anthu olemekeza malamulo amene amalipira zonse zoyenera. Koma si chinsinsi kuti alipo ena, m'mabala ndi m'makomo momwe, amene mpira wao umalowera ku khomo la kuseri. Owerenga athu ayenera kudziwa m'mene kubaku kumachitikira, pakuti pano wakuba sathyola loko ndipo mwini katundu samva mgugu wa mapazi.

Tiyambe ndi njira yoona. Masewero a Premier League ya ku England amagulitsidwa kwa makampani oulutsa pa mtengo waukulu, ndipo kuno kwathu amatipeza kudzera pa SuperSport, ya kampani ya MultiChoice imene inayambitsa DStv m'chaka cha 1995. Zithunzi zimaponyedwa ku setilaiti imene ili pa mtunda wa makilomita pafupifupi 36,000 pamwamba pa mzere wa ikweta. Setilaitiyo imazungulira pa liwiro logwirizana ndi la dziko, chotero kwa ife imaoneka ngati yaima malo amodzi. N'chifukwa chake dishi ikamangidwa pa denga siifunanso kutembenuzidwa. Kuchokera kumeneko zithunzi zimagwa ngati mvula, pa denga la wolipira ndi la wosalipira mofanana. Aliyense wokhala ndi dishi amazilandira, koma zimafika zosokonezedwa dala, ndipo popanda kiyi palibe chooneka.

Nkhani yonse yagona pa kiyi ameneyu. Iye ndi nambala yachinsinsi imene imasinthidwa pafupifupi masekondi 10 alionse. Nambalayo imabwera pamodzi ndi zithunzi, nayonso itatsekeredwa, ndipo khadi la m'dikoda ya munthu wolipira ndilo lokha lili ndi mphamvu yoitsekula. Pa DStv ntchito yotseka ndi kutsekulayi ndi ya kampani ya Irdeto, imene likulu lake lili ku Netherlands. Tsono akuba anaona kuti sikofunika kuswa khadi ayi. Amalipira khadi limodzi moyenera, naliika m'makina olumikizidwa ku intaneti, ndipo nthawi iliyonse pamene khadilo latsekula nambala, makinawo amaitumiza kwa mazana a madikoda achilendo amene akuidikira. Zithunzi zimatsika pa dishi, kiyi amadzera pa foni. Popeza nambalayo ndi kanthu kochepetsetsa, ngakhale bandulo yaing'ono imakwanira.

Eni ake sanagone. M'madikoda atsopano anamanga khadi ndi makina a dikodayo kukhala chinthu chimodzi, kuti kiyi asathe kutulutsidwa kunja. Akuba nao anasamuka msasa. Masiku ano njira yofala ndi yotchedwa IPTV: munthu amatsekula mpira pa dikoda yolipiridwa, najambula zimene zikutulukazo ndi kompyuta, n'kuziulutsanso pa intaneti kwa onse amene agula kabokosi ka Android kapena aika pulogalamu pa foni. Apa dishi siifunika konse, koma bandulo imatha ngati madzi a m'dengu. Ndiponso zithunzi zimachedwa pa njira, kotero kuti ku Machinjiri munthu amayamba wamva chimfuu cha chigoli kwa anansi ake, pamene pa kanema wake mpira ukadali pakati pa bwalo. Manambala amene nthawi zina amaonekera mwadzidzidzi pa kanema pakati pa masewero ali ndi ntchito yake: ndi chidindo cha khadi, chimene chimathandiza eni ake kudziwa dikoda imene ikudontha ndi kuitseka pomwepo. Likatsekedwa khadilo, onse amene analipira wakubayo amatsala mu mdima, ndipo alibe kokadandaula.

Palinso kuba kosafuna nzeru za makina, monga kutenga dikoda yolembetsedwa kuti ndi ya pa khomo n'kumalipiritsa nayo anthu pa chitseko, kapena kubwera ndi dikoda yolembetsedwa ku South Africa.

Wina asayese kuti izi ndi za anyamata a m'makwalala okha. Kuyambira 2017 kufikira 2019 kanema wotchedwa beoutQ anali kuba masewero a beIN Sports ya ku Qatar ndi kuwaulutsa poyera kudzera pa setilaiti za Arabsat, ndipo mu 2020 bungwe la World Trade Organization linapeza kuti dziko la Saudi Arabia silinachite zoyenera kuti liletse mchitidwewo. Ku England mu 2023 amuna asanu analamulidwa kukhala m'ndende zaka zoposa 30 tikaphatikiza zilango zao, chifukwa chogulitsa Premier League yakuba pa intaneti.

Kwathu kuno anthu akukumbukira mwezi wa August 2023, pamene MultiChoice inalengeza kuti ikuchotsa DStv m'Malawi chifukwa cha mkangano wa mitengo ndi bungwe la MACRA, kufikira pamene inabwerera mu December chaka chomwecho khoti litagamula. Dandaulo la mitengo ndi loona ndithu, ndipo mphunzitsi amene amawerenga malipiro ake pa kutha kwa mwezi akulidziwa bwino. Komatu mlandu umenewo unapita ku khoti, kumene ndiko kwao kwa milandu. Lamulo la Copyright Act la 2016, limene bungwe la COSOMA limayang'anira, limateteza zoulutsidwa pa kanema monga momwe limatetezera buku la wolemba ndi nyimbo ya woimba wa ku Chilomoni.

Kwa antchito a Boma pali chinanso choti achenjere nacho. Mapulogalamu a mpira waulerewa sachokera ku malo odziwika, ndipo ena amabisa mkati mwake zida zosuzumira za m'foni. Foni imene kalaliki akuonerapo Liverpool usiku ndi yomweyo imene ili ndi makalata a ku ofesi, mayina a ana a sukulu ndi nambala yachinsinsi ya ndalama zake za pa foni.